Mutu Wobwereka wa Likongwe

Padangotero, sendezani makutu kuno, m'masiku aja nyama zing'onozing'ono zinkamanga mudzi umodzi n'kumapalana moto. Mfumu yawo idali Mbira, nkhalamba yofatsa, yokonda kuothera dzuwa, yodana ndi phokoso kuposa njala. Mdani wa mudziwo adali mmodzi, Nsato. Ikadya inkagona miyezi, ikadzuka inkabweranso. Ndipo aliyense ankadziwa kuti Nsato sinyengeka kawiri ndi chinyengo chimodzi.

Nduna za mfumu zidali ziwiri. Yoyamba idali Gologolo, amene mutu wake unkabala nzeru ngati mkuyu: zakupsa, zosapsa ndi zamphutsi, zonse panthambi imodzi. Yachiwiri idali Nanzikambe, mayi wachikulire amene sankaponda pansi asanayese phazi kawiri. Iyeyu sankabala nzeru n'imodzi yomwe, koma ankadziwa kusefa za mnzake. Gologolo akaponya nzeru khumi pabwalo, Nanzikambe ankapha zisanu ndi zinayi ndi mafunso. Yotsalayo ndiyo inkapulumutsa mudzi.

Koma ntchito imeneyi sinkachitika mwakachetechete.

"Tiuluke tonse!" ankatero Gologolo.

"Ndi mapiko a yani?"

"Tibwereke kwa mileme!"

"Mileme ilipo ingati? Nanga ife tilipo angati?"

"Mayi inu, mumapha mwana asanabadwe!"

"Si mwana ameneyo, bambo. Ndi mpweya wa m'mimba."

Ankatero kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka, mfumu itagwira makutu.

Kumapeto kwa bwalo kunkakhala Likongwe. Adali ndi mkazi ndi ana anayi, ndipo mtima unkamuwawa akamaona nduna ziwirizo zikulandira gawo loyamba la ngumbi ndi la mazira. Nzeru zopulumutsa mudzi adalibe. Zake zidali zina: ankadziwa chimene khutu lililonse likufuna kumva.

Adayamba ndi Gologolo.

"Alamu, ine zimandipweteka. Nzeru n'zanu, koma pamtondo akuti mudzi uli moyo chifukwa cha a Nanzikambe. Eni akewo akuti inu ndinu wamisala amene iwo amaweta."

"Adatero?"

"Ine sindinanene kanthu, alamu."

Kenako adapita kwa Nanzikambe.

"Mayi, mumapirira. Munthu kumakunenani kuti ndinu chumba, simunaberekepo ganizo chibadwire, mumangolera a eni!"

Thupi lonse la Nanzikambe lidada bii.

Pomaliza adakagwada kwa mfumu, nawomba m'manja.

"Chalo, kodi mudaganizapo chimene chimadzutsa Nsato? Nsato ilibe tambala. Ndi phokoso la pabwalo lanuli."

Bwalo lotsatira silidakambe za Nsato. Gologolo adalavula zonse zimene adamva, Nanzikambe naye adabweza mawu ochepa koma olasa. Wina adalumbira kuti sadzayang'ananso nkhope ya mnzake, mnzakeyo adalumbira chimodzimodzi. Mfumu Mbira idaimirira.

"Ndatopa! A Gologolo, kamangeni kum'mawa. A Nanzikambe, kamangeni kumadzulo. Mudzi wanga upumule."

Awiriwo atachoka, pabwalo padangoti zii. Ndipo Nkhwali, mayi wotsogolera nyimbo m'mudzimo, adafunsa kuti tsono wolangiza mfumu akhala yani.

Likongwe adatsokomola. "Chalo, awiri amakangana. Mmodzi angakangane ndi yani? Ndiyeseni ine."

Tsiku lomwelo gawo loyamba la mazira lidalowa m'nyumba mwake. Ana adadya mpaka kugonera pomwepo, koma mkazi wake sadakhudze.

"Bambo a ana, Nsato ikadzuka mudzaiuza chiyani?"

"Idya mazira, mkazi. Nzeru sizinachoke m'dziko, zangotalikirana. Miyendo ndili nayo."

Sipadapite mwezi, Nkhwali adabwera ali wefuwefu kudzanena kuti wapeza chikopa cha Nsato panjira. Yafundula, yadzuka, ili ndi njala. Maso onse adatembenukira kwa nduna yatsopano.

"Ndipatseni tsiku limodzi ndikaganize kuthengo," adatero Likongwe. "Wina asanditsate. Nzeru zanga n'zamanyazi."

Adanyamula mtedza, nathamangira kum'mawa.

"Ndangobwera kudzakuonani, alamu, ndisanafe. Mudzi watha. Palibe chimene munthu angachite."

"Palibe?" Gologolo adalumpha ngati waponda khala. Liwu limeneli sankatha kulipirira. "Mwati palibe? Chikopa cha mbawala ija idafa ndi chilala mudachitaya? Sokerani miyala m'katimo, muchiimike panjira! Imeze miyala, ione ngati miyala imagayika!"

"Ha, zoseketsa," adatero Likongwe, miyendo ikuyabwa kale.

Adagwira ziwala panjira, nathamangira kumadzulo.

"Mayi, ndalota maloto achilendo. Ndati mundimasulire."

Adafotokoza zonse. Nanzikambe adamvetsera, diso lina lili pa iye, lina pa ziwala.

"Miyala yake yozizira?"

"Mwala ndi mwala, mayi."

"Nsato sidya ndi maso. Imalawa mphepo ndi lilime, imatsata kutentha. Miyalayo igone padzuwa kuyambira m'mawa, isokedwe dzuwa litapendeka. Ikhale yosalala, yakuthwa iboola chikopa. Nanga mbawala yako idzayenda bwanji? Nsato sigwira chosagwedezeka."

"Tidzamanga luzi pamwendo."

"Lotalika bwanji?"

"Lalitali."

"Lalitali si muyeso. Likhale kutalika kwa Nsato katatu, ndipo wokoka akhale kumene mphepo ikupita, osati kumene ikuchokera."

Likongwe adabwereza zonse mpaka kuziloweza. Akuti azinyamuka, Nanzikambe adamuimitsa.

"Maloto akowa akununkha mtedza."

"Ndinadya mtedza ndisanagone, mayi."

Mayiyo adamuyang'ana nthawi yaitali. "M'mudzimo muli ana. Pita."

Zonse zidachitika monga adanenera awiri aja. Nsato idafika, idalawa mphepo, idaona mbawala yofunda ikutsimphina panjira, idaikulunga n'kuimeza yonse. Itati ikwawe, mimba idakana. Idadzikoka pang'onopang'ono ikubuula, osayang'ananso mudzi.

Tsiku limenelo Nkhwali adapeka nyimbo. Inkatamanda mutu wa Likongwe kuti ndi mtondo wa misi iwiri, wina ukamakwera wina ukutsika, osagundana. Iye ankatsogolera ndi mawu okwera, mudzi wonse n'kumavomera potchula dzina la nduna katatu, michira ikumenya pansi m'malo mwa ng'oma. Likongwe adavina pakati pa bwalo, ndipo pofika kolasi yachitatu adali atayamba kukhulupirira nyimboyo.

Dzinja lidadutsa. Likongwe adanenepa, njira ya kum'mawa ndi ya kumadzulo zidamera udzu. Nyengo yozizira itafika, Nsato idabwerera. Idali itasanza miyala ija, itawonda, mkwiyo uli m'maso.

"Ndipatseni tsiku limodzi," adateronso Likongwe. "Wina asanditsate."

Adafika kum'mawa ndi mtedza wake, nayamba kulira kuti palibe chimene munthu angachite. Koma ulendo uno Gologolo sadalumphe.

"Nyimbo yanu idafika kuno, alamu. Mbalame zimaimba. Miyala ija njanga. Koma luzi la Nsato katatu si langa, ndipo si lanu. Mwini wake ndikumudziwa."

"Alamu, mukundiganizira zoipa."

"Ine ndi mayi uja timatukwanana, inde. Koma chichokere kuno ndabala nzeru mazanamazana, zonse zili mbwee pansi apa, sindikudziwa yodya ndi yakupha. Kauzeni amfumu atibweze tonse awiri. Mukapanda kutero, m'kamwa mwanga simutuluka kanthu."

Likongwe adanyamulanso mtedza wake. Panjira ankadziuza kuti: kodi wamisalayu adachitapo chiyani? Adangotchula miyala. Chidagwira Nsato ndi muyeso. Wofunika ndi mayi uja.

Adapeza Nanzikambe atafota, khungu litatuwa, akunjenjemera panthambi.

"Walota chiyani lero?"

"Sindinalote, mayi. Ndati mwina mulote inu."

"Ine sindilota. Sefa sabala ufa. Bwera nacho chinthu, ndikuuza pamene chathyoka."

"Nsato ifika mkuja, mayi."

Nanzikambe adatseka maso. "Ndiye chimene ndingathe ndi kukonza chakale chija. Chikopa chikhale chatsopano, muchipake magazi. Miyala ichepe, pakati muike nyama yeniyeni. Luzi likhale Nsato kasanu. Lotalika chotero limalemera, ndiye wokoka akhale wamphamvu, alimange m'chiuno kuti lisapulumuke."

"Basi, tapulumuka!"

"Usathamange. Ndayesa zonse zimene ndikuzidziwa. Chimene Nsato yaphunzira sindikuchidziwa, ndipo sindingayese chimene sindinachione. Pakufunika chatsopano. Pita kwa mwini maloto."

"Ndipita, mayi."

"Ndiponso kuno kukuzizira. Lilime langa silikufikanso pa chiwala. Ukanene kwa amfumu kuti ndikufuna kukafera kwathu."

"Mawa lomwe, mayi."

Sadapite kwa mwini maloto, ndipo kwa mfumu sadanene kanthu. Adakonza mbawala yachiwiri, yokongola kuposa yoyamba, muyeso uliwonse uli m'malo mwake. Wokoka luzi adasankhidwa Gwape, mkamwini wa mfumu, amene adali asanathe chaka pabanja. Adamanga luzi m'chiuno, nakabisala kumene mphepo inkapita.

Nsato idafika. Idalawa mphepo, idazungulira mbawalayo kamodzi, ndipo idaseka. Siidaikhudze. Idaika chibwano pa luzi n'kuyamba kulitsata.

"Masula, Gwape! Masula!" adakuwa a m'mudzi.

Mfundo idali yomangidwa bwino. Gwape adayesa kuthawa, koma kumapeto kwina kwa luzi kudali miyala. Adalira kamodzi kokha.

Itatha kumeza, Nsato idatukula mutu. "Miyala yanu ndidailawa chaka chatha. Ndigona pompano, pafupi, kuti ndisavutike kuyenda. Ndikadzuka ndiyamba ndi ana."

Idakagona patsinde pa chulu, poonekera kuchokera pabwalo.

Pamaliro opanda mtembowo Likongwe adalankhula misozi ili m'maso. Adati nzeru idali yabwino, koma malemu adakoka luzi chizindikiro chisanaperekedwe. Wakufa sayankha. Kenako adapempha Nkhwali kuti aimbe, mitima ya anthu ingagwe. Nkhwali adaimba nyimbo ija ya misi iwiri, koma ndi mawu otsika. Ovomera adatchula dzina la nduna mofooka, michira siidamenye pansi, ndipo mwana wamkazi wa mfumu, wamasiye wa Gwape, sadavomere nawo, maso ali kuchulu.

Masiku adapita. Likongwe ankadzuka n'kunena kuti lero ndipita, koma akaganiza za nkhope ya Gologolo ankati mawa. Sabata zitatu zidatha chotero. Tsiku lina mfumu idamuitana. Idali itasiya kuothera dzuwa.

"Nduna, mimba ya Nsato ikuphwa."

"Ndikuona, Chalo."

"Mkamwini wanga ndamutaya. Adzukulu anga ndisawataye."

Likongwe adathamangira kum'mawa, ndipo ulendo uno adadzigwetsa pansi.

"Alamu, ndalakwa. Ndawauza amfumu zonse. Avomera kuti Nsato ikangofa, nonse awiri mubwerere. Gwape wapita. Yanena kuti iyamba ndi ana, ndipo anayi mwa anawo ndi anga."

Mawu okhudza ana adali oona, ndipo Gologolo adawamva kuti ndi oona. Adayamba kuzungulira, mchira ukugwedezeka.

"Yagona? Yakhuta? Ndiye singathawe. Ndani saopa kukula kwa nyama? Ndani amadya njovu kuyambira m'chitamba?" Adaima. "Linthumbu! Tengani mafuta a ngumbi, mudontheze kuchokera kumsasa wa linthumbu mpaka pachulu. Lidzatsata lokha. Nsato yokhuta lidzaidya yamoyo!"

Likongwe adadumpha ndi chimwemwe, koma Gologolo adamugwira mkono.

"Imani. Iyi ndi yaiwisi. Mtima ukundiuza kuti ili ndi bowo penapake, koma ine bowo sindiliona. Kwa ine ana anga onse ndi okongola. Mupite nayo kwa mayi uja. Lumbirani."

"Ndikulumbira pa ana anga."

Ndipo adapitadi. Adagwira ziwala zonenepa, nathamanga mpaka kumadzulo. Adamuona Nanzikambe patali ali panthambi yomwe ija, phazi limodzi lili m'mwamba.

"Mayi! Ndalota! Ulendo uno ndalotadi!"

Nanzikambe sadatembenuze diso. Likongwe adagwedeza nthambi, ndipo thupi lidagwa pansi mopepuka ngati tsamba louma. Lidali litauma masiku ambiri. Ziwala zidapulumuka m'manja mwake n'kumwazikana.

Adakhala pansi. Abwerere kwa Gologolo? Akanena kuti mayi wafa ndi njala, zonse ziululika. Akauze mfumu? Gawo la mazira litha, mwina ndi khosi lomwe. Adayang'ana mtembowo nthawi yaitali, kenako adadzifunsa kuti: kodi ntchito yake idali yotani? Si kufunsa mafunso basi? Pakamwa ndili napo.

Adakwera panthambi paja, adatukula phazi limodzi, nayesa kutembenuza maso uku ndi uku.

"Kodi linthumbu lidzabwera?" adadzifunsa ndi mawu a mayiyo. "Lidzabwera, limakonda mafuta. Kodi lidzapha Nsato? Lidzapha. Kodi mafuta alipo okwanira? Alipo, nkhokwe yonse."

Mafunso atatu, onse adayankhidwa bwino. Likongwe adapuma. "Kani n'zosavuta chonchi?" Adakankhira mtembowo m'phanga la mtengo, adatseka ndi masamba, nabwerera kumudzi.

Pabwalo adalankhula ngati mwini nzeru. Ena adanjenjemera atamva dzina la linthumbu, koma iye adati wayesa mbali zonse. Adawonjezanso yakeyake, imene adanyadira nayo kwambiri: ana onse atsekeredwe m'nyumba, pamakomo pagubuduziridwe miyala, kuti Nsato ikamaphupha isawapeze panja.

"Mwaganizira ngakhale ana," idatero mfumu. "Mulungu akusungeni, nduna."

M'mawa mwake adatsegula nkhokwe ya ngumbi pakati pa mudzi, nafinya mafuta m'zigoba. Onyamula ankapita ndi kubwera, kudontheza kuchokera kumsasa wa linthumbu mpaka pachulu, mapazi awo ali noninoni. Atatha, ana adatsekeredwa. Wamng'ono wa Likongwe adalira kuti akufuna kukaona nawo.

"Khala, mwanawe. Ndikubweretsera dzino la Nsato."

Akulu onse adakwera m'mitengo yoyang'ana kuchulu.

Dzuwa lili paliwombo, linthumbu lidafika. Lidadza mumzere wakuda, wopanda chiyambi, wopanda mathero, likumveka ngati mvula yowaza pamasamba. Lidakwera Nsato kuyambira kumchira. Lidalowa m'mphuno, m'maso, m'kamwa. Nsato idadzidzimuka, idadzimenyetsa pansi, idadzipinda, idadziwongola, koma mimba idailemera. Idapempha, idalonjeza kusamuka, idatchula dzina la mfumu. Linthumbu lilibe makutu. Dzuwa lisanapendeke kwenikweni, pachulu padatsala nthiti zoyera.

Ha, chisangalalo chake! Adatsika m'mitengo akulira ndi kuseka. Nkhwali adaimba nyimbo ya misi iwiri ndi mawu amene sadawatulutsepo chibadwire, ovomera adatchula dzina la nduna mpaka kusasa mawu, michira idamenya pansi fumbi kuti koboo. Adanyamula Likongwe pamapewa. Ngakhale mwana wamkazi wa mfumu adavomera nawo.

Mkazi wa Likongwe yekha ndiye sankavina. Adakoka mwamuna wake mwendo.

"Bambo a ana, mzere uja ukupita kuti?"

"Kwawo, mkazi. Lakhuta."

"Kwawo ndi uko. Ilo likupita uku."

Likongwe adayang'ana ali pamapewa pomwepo. Linthumbu silikhuta. Litatha Nsato, lidapeza mapazi a mafuta a onyamula aja, ndipo lidali litawatsata kalekale, pamene iwo ankaimba. Mutu wa mzere udali utalowa m'mudzi.

Nyimbo idaduka pakati. Adamugwetsa pansi, onse n'kuthamanga.

Adapeza makoma ali bii. Miyala ya pamakomo idali yolemera, yogubuduzidwa ndi anayi anayi, koma pansi pake padali mipata yokwana linthumbu. M'kati ana ankaitana amayi awo. Aliyense wogwira mwala ankakutidwa manja ndi nkhope nthawi yomweyo. Ena adagwa pomwepo, ena adathawa akudzigubuduza.

"Phulusa!" adakuwa Nkhwali. "Linthumbu silidumpha phulusa! Tikadazunguliza mudzi ndi phulusa!"

Aliyense ankadziwa zimenezo. Kuseri kwa nyumba iliyonse kudali dzala lodzaza phulusa. Lichero limodzi pa banja likadakwana. Padangosowa wofunsa kuti: likatha Nsato, lidzadya yani?

Adathira phulusalo, koma lidangotsekera linthumbu m'kati momwe lidali kale. Likongwe adafika pakhomo pake, adagwira mwala, ululu udamulasa m'maso, ndipo adausiya n'kubwerera m'mbuyo. Mkazi wake sadabwerere. Adakumba pansi pa khoma ndi zikhadabo, nalowa. Likongwe adamva akutchula ana mayina mmodzimmodzi. Adatchula atatu.

Kutacha, mphepo itauluza phulusa lija, linthumbu lidali litapita. Otsala adakhala pabwalo, otupa nkhope, osalira n'komwe. Tizifupa tating'ono tidali mbwee m'njira, poti linthumbu lidatikokera panja n'kutisakaniza.

Ndi nthawi imeneyo pamene Gologolo adatulukira, akudumphadumpha. Mbalame zidali zitamuuza za imfa ya Nsato, koma zidauluka nyimbo isanaduke. M'manja adanyamula ziwala zomanga pa udzu, mphatso yokapepesera mnzake. Adaima. Adayang'ana njira, adayang'ana makomo, kenako adayang'ana Likongwe.

"Alamu, mayi uja adati bwanji?"

Likongwe adaweramitsa mutu.

"Ndikufunsa. Mudapita nayo. Adati bwanji?"

"Mayi wake uti?" idafunsa mfumu.

Likongwe adafunafuna bodza m'mutu mwake, m'mene simunkasowa bodza, koma adapeza muli mbee. Ndiye adanena zoona, kuyambira pa zimene adanong'oneza m'makutu atatu aja mpaka pa masamba amene adatsekera phanga la mtengo. Adalankhula ndi mawu amodzimodzi, ngati akunena za munthu wina.

Gologolo adagwetsa ziwala zija. "Nzeru ija idali yanga," adatero motsitsa. "Ndidadziwa kuti ili ndi bowo."

Ena adati Likongwe amangidwe akaponyedwe kumsasa wa linthumbu. Ena adatola miyala. Mfumu Mbira idatukula dzanja.

"Ndidathamangitsa nduna zanga chifukwa ndinkafuna mudzi wachete. Ndaupeza." Idatembenukira kwa Likongwe. "Kukupha n'kukupeputsira katundu. Tola mafupa onsewa. Mayi aliyense umupatse a mwana wake, akaike m'manda. Udati mutu wako umatha zonse."

Gologolo adafunsa kumene kudali phanga la mtengo lija, nanyamuka yekha kulowera kumadzulo. Sadabwererenso, ndipo akuti kuyambira tsikulo sadatchulenso nzeru ina iliyonse.

Likongwe adatola mafupawo, nawaunjika pamphasa. Adakhala pamenepo masiku atatu. Ankatenga kafupa, n'kukatembenuza, n'kukaika uku, n'kukabwezanso uko. Ka mwana wa Mbewa, ka mwana wa Mbira, ka mwana wa Likongwe, tonse tidali toyera, topepuka, tofanana. Amayi adaima momuzungulira akudikira. Tsiku lachitatu Nkhwali adatopa. Adatapa dzanja limodzi osasankha, nachoka osatsanzika. Enanso adachita chimodzimodzi, aliyense kulowera kwake, wina kuuna, wina kumapanga, wina m'mitengo. Mfumu idachoka pomaliza, itatsamira pa mwana wake wamasiye uja. Mudzi wa nyama zing'onozing'ono udathera pomwepo, ndipo sizidamangenso pamodzi.

Pamphasa padatsala tizigaza tisanu ndi tiwiri. Likongwe adasankhapo tinayi, adatikulunga m'masamba pamodzi ndi mafupa a mkazi wake, nakumba dzenje. Akuti akwirire, adayang'ana titatu totsala tija. Adafukula, adasinthanitsa kamodzi. Adasinthanitsanso. Dzuwa lidamulowera akusinthanitsabe, ndipo pomaliza adaika tonse tisanu ndi tiwiri m'dzenje limodzi, nalira ana a eni pamodzi ndi ake, osadziwa kuti ake ndi ati.

Nthano yanga yatula pamenepa. Wakumva anyamule.